Chimanga cha a Chrispen

Amene anatchula dzina la amayi ndine. Ndiyambire pamenepo, chifukwa anthu ku Sakubva kuno amaloza chala mwana wanga wamkazi Tinevimbo, amati kamera yake ndiyo inasasula denga la agogo ake. Kamera ilibe pakamwa.

Tinevimbo anali m'chaka chomaliza pa kakoleji kena m'tauni muno mwa Mutare, komwe ankaphunzira zojambula mafilimu. Anawauza kuti aliyense apange kafilimu ka mphindi khumi ndi ziwiri koonetsa mmene nyimbo zimayendetsera moyo wa anthu tsiku ndi tsiku. Anayamba ndi anyamata oitanira makombi, kenako amayi ogulitsa tomato pamsika, kenako kwaya ya kutchalitchi kwathu. Mphunzitsi wake anakana zonsezo. Akuti makombi ndi makwaya amaziona chaka ndi chaka, watopa nazo.

Tsiku limenelo nditaweruka ku Feruka, komwe ndimalondera yadi ina ya magalimoto onyamula mafuta, ndinamupeza atakhala pakhomo, kamera yobwereka ili pamiyendo.

"Baba, ine zandikanika," anatero. Chichewa chake n'chosakaniza ndi Chishona cha mayi ake, ndipo ndinaleka kalekale kumukonza. "Kwatsala masabata atatu chete."

"Agogo ako amaimba akamasinja," ndinatero uku ndikuvula nsapato. "Pita ku Imbeza."

Ndinanena zokhazo basi.

Amayi anga, a Esnath, anafika ku Imbeza ali mtsikana, atakwatiwa ndi bambo anga a Abisai amene anachoka ku Dedza wapansi. Onse awiri ankagwira ntchito pa pulazi ya mzungu wina, ndipo ife tinabadwira m'komboni ya pulaziyo. Minda itayamba kugawidwa, mu 2001, mzungu anapita, ndipo chigawo chokhala ndi komboni chinagwera a Chrispen, omwe kale anali kalaliki m'tauni. M'mapulazi oyandikana nawo antchito anathamangitsidwa. Ena anapita kukakumba golide ku Penhalonga, ena sitidziwa komwe anathera. Kumudzi kunalibe kobwerera, pakuti achibale a ku Dedza tinkangowamva maina. A Chrispen sanathamangitse okalamba. Anati, "Khalani, bola muzindithandiza kupalira." Pepala panalibe. Nyumba ya amayi, zipinda ziwiri za njerwa ndi malata asanu ndi atatu, inatsamira pa mawu a munthu mmodziyo zaka makumi awiri. Bambo atamwalira mu 2009, matabwa a bokosi anapereka ndi a Chrispen omwewo. Izi ndikulemba dala kuti zidziwike.

Manda a bambo ali kuseri kwa nyumba, mapazi makumi atatu kuchokera pakhomo. Amayi ankayamba kusesa pamenepo m'mawa uliwonse asanasese pabwalo. Ndinawapempha kangapo kuti abwere kutauni, koma yankho linali limodzi: "Abambo ako ndiwasiyire ndani?"

Tinapita Loweruka. Tinatsika kombi pamsewu wa ku Penhalonga n'kuyenda wapansi kudutsa m'mitengo ya paini, Tinevimbo atasenza miyendo ya kamera ngati nkhuni. Tinapeza amayi ndi a Vaileti, mayi wamasiye wa nyumba yoyandikana, atatulutsa kale mtondo. Chigayo chilipo, koma chili kutali ndipo magetsi ake amabwera akafuna. Ndiponso amayi amati mgaiwa ndi chakudya cha kundende. Awiriwa ankakonola chimanga kawiri pa sabata, misi iwiri mumtondo umodzi, wina ukamakwera wina ukutsika. Chimene chimaletsa misiyo kuombana ndi nyimbo. Mmodzi amatsogola, mnzake amavomera, manja amatsata mawu.

Tinevimbo anakoloweka maikolofoni yaubweya pandodo n'kuiyandikiza kumtondo.

"Chotsa khoswe wakoyo pa chimanga changa," anatero amayi.

"Gogo, ndi yomvera mawu iyi."

"Ili ndi makutu? Ndiye yaposa agogo ako aamuna."

A Vaileti anaseka mpaka kutsokomola. "Amake Phineas, bisani mano awiriwo, angaswe galasi la mwana."

"Inu mangani duku bwino, dazi lanulo lingaoneke ku Harare."

Musi woyamba utagunda, ine ndinachokapo. Ndinapita kuseri kukazula udzu pamanda a bambo. Sindinachite kuganiza, miyendo inangonditenga monga mmene inazolowerera kuyambira ndili mwana. Kwathu mkazi akapwetekedwa mtima ndi mwamuna, apongozi kapena mkazi mnzake, satukwana pabwalo. Amadikira mtondo. Zimene waimba pamtondo sizipita kubwalo la milandu, palibe angamufunse kuti unatanthauza chiyani, ndipo mwamuna wanzeru akamva musi amalambalala n'kudzigonthetsa. Bambo anga ankati akamva dzina lawo likutuluka mumtondo, ankatenga nkhwangwa kukadula nkhuni zomwe sitinkazifuna. N'chifukwa chake kayimbidwe ka nyimbo ya amayi ndinkakadziwa ngati mpweya wanga, koma mawu ake ndinali ndisanawatchererepo khutu.

Ndili kumandako ndinamva mluzu ukutsagana ndi nyimbo ija. Nditasuzumira ndinaona a Chrispen ataima pafupi ndi kamera, chipewa chawo chachikopa chili kumutu, akugwedeza phazi. Iwo Chichewa samva, amayankhula Chishona.

"Iyi ndi nyimbo yanga, mwanangu," anamuuza Tinevimbo. "Tamvera bwino, dzina langa lilimo. Ndinawafunsa kalekale kuti akuti chiyani, anati akuyamika chimanga. Paukwati wa mwana wanga wamkazi ndinawaitanitsa, anaimba pamaso pa alendo a ku Harare. Awa ndi anthu anga awa."

"Ndingaike mawu anuwa m'filimu, baba?"

A Chrispen anakonza chipewa n'kuwongola kolala. "Ika. Ujambule ndi mbali iyi, ndi yabwino."

A Vaileti anayang'ana pansi. Amayi sanayang'ane aliyense, musi wawo unangoyamba kugunda mwamphamvu.

Mawa lake masana ku Sakubva, titabwera kutchalitchi, Tinevimbo anaika kompyuta pathebulo n'kundiveka timahedifoni. Anati filimu iyenera kukhala ndi mawu a Chingerezi olembedwa m'munsi mwa chithunzi, pakuti aphunzitsi ake Chichewa samva, ndipo iyeyo amangotola apa ndi apo. Ndinatenga pensulo ndi kope. Ndipo ndili ndi zaka makumi asanu ndi ziwiri, ndinamva kwa nthawi yoyamba zimene mayi anga ankaimba.

Sinja mnzanga, sinja,
chimanga cha a Chrispen n'chonona.
Ee, n'chonona.
Chamera pamutu pa mwana wanga.
Ee, n'chonona.
Ndapalira, ndakolola, ndakonola,
ndikadya ndadya wanga yemwe.

Chipewa chachikulu, maso alibe,
khasu lake lalowa kudambo.
Anabwera ndi pepala, ine ndi mapazi,
ndikanene kwa yani, mtondo iwe?

Ndinavula timahedifoni tija n'kutuluka panja. Ndinkadziwa kuti ine ndisanabadwe panali mwana wamkazi amene anangokhala masiku anayi. Khanda lotero amakaika ndi amayi okhaokha, kumunsi kwa dambo, popanda bokosi, popanda mtanda, ndipo amuna sauzidwa malo ake. Nthawi ya mzungu ngodya imeneyo sinkalimidwa chifukwa cha madzi. A Chrispen atafika anakumba ngalande, madzi anaphwa, n'kudzalapo chimanga. Chimanga chomwecho ndi chimene ankapatsa okalamba akapalira. Zonsezi ndinazilumikiza nditaima pafupi ndi mpopi wa madzi, ana a eni nyumba yomwe timachita lendi akundiyang'ana.

Apa ndiye pamene ndinalakwa. Ndikanatha kubwerera m'nyumba n'kumuuza mwana kuti alembe chabe kuti iyi ndi nyimbo ya amayi osinja. Mwambo ndinkaudziwa. Koma ine ndinaphunzira sukulu ya usiku zaka zisanu, ndikuweruka kuntchito wapansi, kuti ndipeze satifiketi ya Chingerezi, ndipo mphunzitsi wathu a Edmund anali ndi cholembera chofiira ndi lamulo limodzi: womasulira saonjezera, sachotsa. Panalinso china chimene ndimachita nacho manyazi. Zaka zonsezi Chingerezi changa chinkangogwira ntchito yolemba manambala a magalimoto pageti. Uku kanali koyamba kuti munthu achifune. Ndinatsitsa dikishonale pamwamba pa kabati. Mawu akuti "chonona" okha ananditengera pafupifupi ola lathunthu.

Tinevimbo anawerenga mpaka kumapeto n'kundiyang'ana.

"Baba, izi sizitibweretsera nyaya, mlandu?"

"Adzaonera ndi aphunzitsi ako okha," ndinatero. "A Chrispen ndi zamafilimu wapi ndi wapi?"

Anafunsa mwanayu. Anthu a ku Sakubva adziwe zimenezo.

Mafilimu a ophunzira anawaonetsa Loweruka lina masana m'holo ya pakoleji, mawindo atatchingidwa ndi mabulangeti. Ya Tinevimbo inali yachisanu. Manja a amayi anadzaza chinsalu chonse, mitsempha ili gwa, gaga akuuluka padzuwa. M'holo munali zii. Kenako anatulukira a Chrispen akuimba mluzu, akumwetulira, akunena kuti iyi ndi nyimbo yanga, ndipo m'munsi mwa chibwano chawo munkadutsa Chingerezi changa, mzere ndi mzere, chopanda cholakwika ngakhale chimodzi. Holo yonse inaphulika ndi phwete. Pomaliza dzina langa linakwera pachinsalu, anthu akuomba m'manja, ine ndikuyang'ana nsapato.

Filimu inaikidwa pa intaneti pamodzi ndi za ophunzira ena. Wina, sitidziwa ndani, anadula mphindi imodzi yokha, ya chipewa ndi mluzu, ndipo inayamba kuyenda foni ndi foni. Patatha masiku asanu ndi anayi, ndili pageti ku Feruka, a Vaileti anandiimbira pa foni yobwereka.

"Phineas, bwera. Obvious wafika ndi makwerero, akuwerenga malata."

Obvious ndi mwana wamkulu wa a Chrispen, amene tsopano amayendetsa zambiri papulazipo.

"Akuti chiyani?"

"Akuti mwezi ukatha asawapeze. Amako sanadye chiyambire dzulo."

Ndinapempha mnzanga kuti andigwirire geti, ndinadzera kunyumba kutenga Tinevimbo, n'kukwera kombi. Tinalunjika kunyumba yaikulu. A Chrispen anali pakhonde, chipewa chili pabondo. Mipando inalipo koma sanatiloze. Tinakhala pamasitepe n'kuomba m'manja monga amachitira kuno.

"Phineas, mwana wa Abisai," anatero. "Bokosi la bambo ako linali la matabwa a yani?"

"Anu, baba."

"Anzanga onse anandiuza kuti thamangitsa mabhurandaya awa." Limenelo ndi dzina lomwe amatitchula ife a ku Malawi akafuna kutichepsa. "Ndinakana. Ndinati nkhalamba zipita kuti? Dzulo ndapita ku Penhalonga kukagula mchere wa ng'ombe. Anyamata a golide angondiona, ayamba mluzu. Mluzu wanga womwe uja! Wina akuti, mudhara, tigaireniko chimanga chonona. Kutchalitchi mkazi wanga wakhala benchi lonse yekha. Mayi amene amapikula chimanga changa chachiwisi wati ndiyambe ndadikira. Apongozi a mwana wanga aimba foni kuchokera ku Harare, akufunsa ngati nyimbo ya paukwati ija inali yomweyi."

"Baba, pepani. Kwathu za pamtondo zimathera pamtondo. Sizikhala mlandu."

"Usandiphunzitse. Kwathunso n'chimodzimodzi. Mayi anga ankawanyoza bambo anga akamasinja, bambo n'kumangosuta fodya wawo. Koma mayi anga analibe mwana wophunzira woti alembe Chingerezi m'munsi mwake. Anaichotsa pamtondo nyimboyi ndani? Ine?"

Ndinayang'ana pansi.

Tinevimbo anagwada pasimenti. Anati filimu waichotsetsa kale pa intaneti, ndipo ali wokonzeka kutaya mayeso ake onse.

"Waichotsa m'foni ya yani, mwanangu? Ya Obvious ilimo. Ya abusa ilimo." Anakhala kanthawi akuzunguza chipewa m'manja. "Chabwino. Kamera yomweyo ibwerenso. Agogo akowo aime pamtondo pomwepo aimbe nyimbo ina, yonena zimene ndawachitira. Iwe Phineas ulembe Chingerezi chako m'munsi, ndipo iyende m'mafoni momwe inayendera inzake. Akatero akhale. Akakana, malata ndi anga."

Amayi tinawapeza atakhala pansi pambali pa manda a bambo, tsache lili pamiyendo. Ndinawafotokozera zonse ndili chogwada. Sanandikalipire. Ndikanakonda akanandikalipira.

"Unalemba zonse?" anafunsa.

"Zonse, amayi."

"Ndi za kudambo zomwe?"

"Ee."

"Sukulu ija," anatero, n'kupukusa mutu pang'ono. Kenako anagwira mtanda wa pamanda. "Ndiimba. Akafuna ndivine, ndivina. Akafuna ndigubuduke m'fumbi ngati bulu, ndigubuduka. Koma abambo ako sindiwasiya okha m'mapaini muno. Iwe wodziwa kulemba, lemba nyimboyo."

Ndinailemba pa tsamba la kope lomwe lija. Ndinasamala kuti musakhale bodza ngakhale limodzi: kuti a Chrispen anasunga okalamba ena akuthamangitsa, kuti anapereka matabwa, kuti anasiya denga pamutu pa amasiye. Ndinagona komweko masiku awiri ndikuwawerengera mzere ndi mzere, popeza amayi sadziwa kuwerenga. Ankabwereza mokhulupirika ngati mwana wa katekisimu. A Vaileti ndiwo anadandaula.

"Mawu akowa ndi aatali, Phineas. Musi sudikira munthu amalize chiganizo."

"Yesetsani, amayi."

"Ndi kalata iyi, si nyimbo."

Lachinayi m'mawa tinatulutsa mtondo. A Chrispen anabwera ndi mpando wawo n'kukhala patsogolo. Obvious anaima kumbuyo kwawo atapinda manja, makwerero ake atatsamira kale pakhoma la nyumba. Tinevimbo anaimika kamera. Ine, kwa nthawi yoyamba pa moyo wanga, ndinaima pamtondo osachokapo, pepala lili m'manja kuti ndiziwakumbutsa.

Amayi anakweza musi. "A Chrispen anatisunga pamene ena onse..."

Mzerewo usanathe musi wa a Vaileti unali utatsika kale. Misi iwiri inaombana m'mwamba, kho! Chimanga chinamwazikira pansi, nkhuku zinathamangira.

"Yambiraninso," anatero Obvious.

Anayambiranso. Amayi anafulumizitsa mawu kuti akwane, a Vaileti anachedwetsa dzanja kuti awadikire, ndipo pa mzere wachitatu musi wa amayi unatsikira pa chala cha mnzawo. A Vaileti anakuwa n'kuika chala m'kamwa. Magazi anadontha pamlomo wa mtondo.

"Tipume kaye," ndinatero.

"Iyayi," anatero amayi. Thukuta linali litanyowetsa duku. "Vaileti, gwira musi. Gwira, mnzanga, ndakupemba. Ndi nyumba iyi."

A Vaileti anang'amba kansalu m'mphepete mwa chitenje, anamanga chala, n'kugwira. Ulendo uno anayamba ndi manja okha, opanda mawu, kuti misi iyambe yagwirizana. Du, du. Du, du. Inagwirizanadi. Mapewa a amayi anamasuka, msana unayamba kuweramira mkati ndi kubwerera monga mwa masiku onse. Ndinakweza pepala n'kuwanong'oneza mawu oyamba. Anatsegula pakamwa.

"Sinja mnzanga, sinja..."

Sindikhulupirira kuti anachita dala. Ndinaona maso awo akutuzuka ndi mantha pamene mawuwo ankatuluka. Koma manja anali atalowa kale m'njira yawo ya zaka makumi awiri, ndipo munthu ukaima pakati pa nyimbo ya misi iwiri umathyola dzanja la mnzako. "Ee, n'chonona," anavomera a Vaileti, misozi ikutsika. Anaimba yonse, ya mwana, ya chipewa, ya pepala ndi mapazi, pamaso pa munthu amene tsopano ankadziwa tanthauzo la mzere uliwonse chifukwa cha ine. Itatha anatsamiritsa misi pamtondo. Kunangomveka nkhuku zikujompha chimanga.

A Chrispen sanakalipe. Anafunsa motsitsa mawu, m'Chishona, ndipo amayi anawayankha m'Chishona chawo chothyokathyoka.

"Gogo, mwanayo alipodi?"

"Alipo."

"M'munda mwanga?"

"Kumunsi, cha kungalande."

"Panalibe mtanda, panalibe mwala. Ndikanadziwa bwanji? Bwanji simunandiuze?"

"Ndakuuzani kawiri pa sabata chiyambire chaka chimene munakumba ngalande."

"M'chilankhulo chimene sindimva!"

"Munthu wopanda pepala amagogoda pakhomo la yani kukanena za manda m'munda wa eni? Ndikananena ndi pakamwa, mukanandichotsa chaka chomwecho. Ndinanena pamtondo, ndakhala zaka makumi awiri."

A Chrispen anayang'ana kumunsi, komwe chimanga chinali chobiriwira kuposa pena paliponse. Anayang'ana nthawi yaitali, ndipo ndivomere kuti mtima wanga unayamba kuyembekeza. Kenako Obvious anawerama n'kunena kuti, "Baba, kamera ikadayaka."

"Zimitsa," anatero a Chrispen. Tinevimbo anazimitsa. Iwo anaimirira n'kuvala chipewa. "Sindingathe. Ndikawasiya pano, chigwa chonse chidzati nyimbo ija ndi yoona."

"Ndi yoona," anatero a Vaileti.

"N'chifukwa chake," anayankha osatembenuka. "Lolemba lole ibwera."

Ndinawatsatira mpaka pamsewu ndikupempha. Ndinati andilange ine, ndisiye ntchito ku Feruka ndidzawapalirire chaka chathunthu. Ndinati amayi sadzasinjanso, mtondo tiuwaza nkhuni. Ndinagwira mpando umene ananyamula. Anandichotsa dzanja mosakankha n'kupitiriza ulendo.

Lolemba lole inabweradi, yawo yomwe, dalaivala ndi mafuta zonse zawo. Katundu sanadzaze ngakhale theka: bedi, kabati, mapoto, nkhuku zisanu m'dengu. Mtondo tinausiya kwa a Vaileti, chifukwa ku Sakubva timachita lendi zipinda ziwiri za simenti ndipo khoma timagawana ndi eni nyumba. A Vaileti sanathamangitsidwe, akuti iwo ankangovomera. Amayi anasesa pamanda a bambo komaliza, anawapatsa a Vaileti tsache. Tisanakwere n'komwe Obvious anali atayamba kuzula misomali ya malata.

Msewu wotuluka papulazi umadutsa m'mphepete mwa dambo. Tikufika pamenepo ndinaona chinthu chimene Lachinayi kunalibe. Pakati pa chimanga, pafupi ndi ngalande, panali mitengo inayi ya bulugamu yozikidwa kumene, yozunguliridwa ndi waya, ndipo chimanga cha mkati mwake chinali chitadulidwa. Amayi anamenya denga la lole ndi chikhatho.

"Imani! Imani!"

Dalaivala anaima. Amayi anatsika okha, osadikira kuwagwira dzanja, n'kuima m'mphepete mwa munda akuyang'ana mitengo ija, kenako phiri, kenako mtengo wa mkuyu wa kutsidya kwa ngalande.

"Alakwitsa," anatero. "Si pamenepo."

Ndinalumpha kuti ndikawathandize.

"Iwe bwerera. Amuna safika." Anatembenukira kwa Tinevimbo. "Iwe, tiye."

Tinevimbo anali ndi kamera pakhosi. Anaivula, anaiika pampando wa lole, n'kutsatira agogo ake m'chimanga. Ine ndi dalaivala tinatembenuka kuyang'ana kumapaini. Tinamva waya ukulira, mapesi akuthyoka, mwala ukukhoma mtengo. Zinatenga pafupifupi ola, ndipo dalaivala sanaimbe hutala ngakhale kamodzi. Atabwerera, manja a Tinevimbo anali okalikakalika ndi waya, matope mpaka m'maondo. Sindinamufunse kuti mitengo ija anaisunthira pati, ndipo iye sanandiuzepo.

Tsopano amayi amagona m'chipinda chathu chochezera, kuseri kwa katani. Ufa timagula wa m'pepala kugolosale. Chibwerereni sanaimbepo, ngakhale kutchalitchi amangogwedeza milomo. Anyamata oitanira makombi pamsewu wathu amaimbabe mluzu uja, ena osadziwa n'komwe kumene unachokera, ndipo ukamveka amayi amauza Tinevimbo kuti atseke windo. Mwanayo anakhoza bwino kuposa anzake onse. Satifiketi yake ili pansi pa sutukesi, sanaipachike. Dikishonale yanga ndinaibwezera pamwamba pa kabati.

Mwezi watha a Vaileti anatumiza uthenga ndi munthu wa kombi. Akuti mitengo inayi ija ikadali chilili pomwe amayi ndi Tinevimbo anaizika, ndipo chaka chino thalakitala inalambalala. Akutinso mtondo wayamba kung'aluka chifukwa chokhala padzuwa osagwira ntchito, pakuti iwo okha sangaukwanitse. Ndinawauza amayi zonse ziwiri. Anafunsa za mitengo yokha, ngati waya wake ukadali wolimba.